Mankhwala Amene Mkazi Wanga Ankatenga Ali M'manda

Ndinataya mkazi. Ndinataya mwana amene anali m'mimba mwake. Ndinataya ntchito ya m'laibulale ya pa koleji, pamodzi ndi kanyumba kamene kankayendera limodzi ndi ntchitoyo. Pambuyo pake ndinataya mwana wanga wamkazi, amene ali moyo mpaka lero, ndiponso dzina langa labwino kumudzi kwa amake.

Zoyambazo sindizikamba, poti imfa imalowa m'nyumba ya aliyense ndipo yanga siiposa ya anzanga. Ndikamba zotsirizazo. Nkhaniyi ndi yoona, sindinawonjezepo kanthu. Sinditchula dzina la munthu ngakhale la kolejiyo, chifukwa ena mwa anthuwa akadalipo, koma amene anali ku Liwaladzi m'zaka zomalizira za chipani chimodzi aizindikira, popeza anaimvapo kale, kungoti anamva theka lake.

Nditamaliza maphunziro, koleji yomweyo inandilemba ntchito, ndipo abale a mkazi wanga analola kuti ndimutenge tikakhale limodzi kumeneko. Pa kolejipo panali kachipatala ka ophunzira ndi antchito. Kuonana ndi dokotala kunali kwaulere, mankhwala a wantchito mwiniwake analinso aulere, koma mkazi ndi ana ankapatsidwa makhadi awoawo, ndipo akatenga mankhwala pazenera, theka la mtengo wake linkadulidwa kumalipiro a mwamuna pakutha pa mwezi. Ine ndinkaona kuti andidula, koma sindinkafunsa kuti ndi mankhwala anji. Mkazi wapakati amapita kuchipatala kawirikawiri, nanga mwamuna ungafunsenji?

Malungo atamugwira mkazi wanga, anapempha kuti ndimupititse kwawo. Anamwalirira pachipatala cha pa boma, ndipo tinamuika ku Liwaladzi. Ku koleji sindinabwerereko, ndinapempha kuti andimasule n'kupeza ntchito ya uphunzitsi pa sekondale ina kufupi ndi boma, kuti ndizikhala pafupi ndi mwana, amene nthawiyo anali atangoyamba kulumikiza mawu. Mukudziwa kuti kwathu kuno mwana ndi wa kuchikazi. Komabe apongozi anga, amake a malemu, anandichonderera kwa achimwene awo, ndipo anagwirizana kuti tikadzameta maliro n'kundisudzula, mwanayo ndidzamutenga kuti akaphunzire ali m'manja mwanga. Ndicho chinthu chokha chimene chinkandidzutsa m'mawa.

Kalata yochokera ku koleji inafika nyengo yopirikitsa mbalame m'minda ya mpunga. Pochoka ku koleji ndinali nditasiya keyala ya sukulu ya pulaimale ya kumudziko, choncho inagwera m'manja mwa amalume ake a malemu, mwinimbumba, amenenso anali nkhoswe ya ukwati wathu. Anagwirapo ukapitawo ku minda ya nzimbe ku Dwangwa ndipo Chingerezi ankachiwerenga ndithu. Sindiwaimba mlandu chifukwa choitsegula. Masiku amenewo envulopu ya khaki yokhala ndi chidindo sinkagona m'nyumba osatsegulidwa.

Loweruka nditafika pa njinga, nditamangirira shuga ndi sopo kumbuyo, ndinapeza mphasa zayalidwa pansi pa mtengo wa mango, ndipo mwana sanandithamangire monga mwa masiku onse. Panali amalumewo, azakhali awiri, ndi tcheyamani wa nthambi ya chipani, poti nthawi imeneyo anthu sankasonkhana iye palibe. Apongozi anga anakhala kuseri kwa nkhokwe monga mwa ulemu, ndinkangoona mapazi awo.

Amalume anawerenga pang'onopang'ono, akumasulira. Inali bilu yochokera ku ofesi ya zachuma ya koleji. Inkanena kuti popeza ndinasiya ntchito ndipo panalibenso malipiro oti adule, ndilipire ndekha mankhwala a mphumu amene mkazi wanga wakhala akutenga pazenera mwezi ndi mwezi. Anatchula miyeziyo umodziumodzi. Yonse inali ya pambuyo pa maliro. Atamaliza anapinda pepalalo n'kundifunsa mwaulemu kwambiri, ati akamwini, tiuzeni, kodi m'manda muja tinaikamo yani?

Ndinayankha zimene aliyense wa inu akanayankha. Ndinati alakwitsa, mkazi wanga sanadwalepo mphumu chibadwire. Amalume anayang'ana tcheyamani, ndipo tcheyamani anachotsa kamtengo kamene ankatokosera m'mano n'kundifunsa kuti walakwitsa ndani, aphunzitsi. Ndinati a ku koleji. Anati kolejiyo ndi ya yani? Ndinati ndi ya boma. Anati ndiye mukuti boma lalakwitsa? Ndinati iyayi, mwina kalaliki chabe. Iye anaseka pang'ono, amvekere kalalikiyo anadzilemba yekha ntchito, chidindonso anasema yekha? Anandiuza kuti ine ndine wophunzira, ndisankhe bwino mawu, chifukwa iye makutu ake si ake okha.

Inu amene munakula pambuyo pake mwina simungamvetse. Pamphasa paja panali njira ziwiri zokha, kapena pepala la boma likunama, kapena wakufa akuyenda. Yoyambayo inali yopita nayo kundende. Yachiwiriyo inali nkhani yoti anthu anaizolowera, ndipo palibe amene anamangidwapo chifukwa choinena. Ndiye onse anatsata yachiwiriyo.

Azakhali aakulu ndiwo anayamba. Anati iwo ankadabwa kale, mwamuna wanji amene mkazi wake akutsitsidwa m'dzenje iye maso ali gwaa ngati akudikira basi. Anzawo anakumbutsa kuti mtembo ndinachoka nawo ndine kuchipatala, bokosinso ndinagula ndine. Anati anthu a makoleji sakhoza mayeso ndi mutu wokha, ndinakhwima, mwana wawo ndinamusandutsa ndondocha, ndiye kuti sanafe koma ndinamubisa kwinakwake kuti azindigwirira ntchito, ndipo iwo analirira thunthu la nthochi. Za mphumu anati n'zosadabwitsa, munthu wofukulidwa m'dothi chifuwa chake chingaleke bwanji kulira? Amalume sananene zambiri. Anangoti kufikira nditabweretsa yankho lomveka, mwana asadye kanthu kochokera m'manja mwanga ndipo ndisamunyamule. Shuga uja anandibwezera.

Ndinalemba kalata yotsutsa biluyo, m'Chingerezi chosalala monga anandiphunzitsira. Ndinafotokoza tsiku limene malemu anamwalira, ndinaikamo chikalata cha imfa cha kuchipatala, ndinapempha kuti andiuze amene anasaina potenga mankhwalawo. Ndinkadziwa kuti ndili kumbali ya choonadi, ndipo ndinkaganiza kuti zimenezo n'zokwanira. Yankho linabwera lalifupi, loti ndikaonekere ndekha.

Tsiku lopita ndinalisankha dala. Pabilupo masiku onse otengera mankhwala anali amene kachipatalako kankaona odwala matenda okhalitsa, kamodzi pamwezi, ndiye ndinati ndikafike tsiku lotero ndikaone ndi maso anga. M'basi ndinkadziuza kuti ndikagwira wakuba. Koma ndikuuzeni zoona, pamene tinkawoloka milatho ya mumsewu wa ku Salima, mawu a azakhali aja ankandibwerera. Ine amene ndinamutseka maso ndi dzanja langali, ine amene ndinawerenga mabuku, ndinayamba kudzifunsa kuti kodi bokosi lija linkalemera bwanji. Si kuti ndinakhwima, ndinkadziwa kuti sindinatero. Koma ngati wina anatero?

Ku ofesi ya zachuma anandiuza kuti nkhani yanga aimva masana, akuluakulu akabwerako kokadya. M'mawa wonsewo ndinakakhala pa benchi ya kachipatala, kumbuyo kwenikweni, pakati pa ophunzira okhosomola ndi azimayi obereka ana. Wogawa mankhwala anali bambo wachikulire amene ndinkamudziwa, ankaitana mayina ali pazenera, maso ali pa makhadi. Dzuwa linali litakwera, kunja wina ankatchetcha udzu, ndipo fungo la mankhwala okolopera linali monga kale.

Kenako anaitana dzina la mkazi wanga. Dzina lake loyamba, ndi dzina la bambo anga kumapeto.

Pa benchi ya kutsogolo panadzuka mzimayi. Anali atandifulatira. Anali woonda, atamanga duku, atavala juzi yobiriwira yokhala ndi chigamba pachigongono, ndipo juziyo ndinaidziwa chifukwa ndinagula ndine ndi malipiro anga oyamba, chigambacho anasoka malemu ine ndikuona. Anayenda pang'onopang'ono kupita pazenera, ndipo ngakhale ndinali patali ndinkamva chifuwa chake chikulira ngati mluzu wosweka. Ndipo chimene chimandiopsa mpaka lero si mantha amene ndinamva, koma kuti pansi pa manthawo ndinakondwera. Mumtima ndinati akhale yemweyo. Kaya amudula lilime monga amanenera, kaya sandizindikira, akhale yemweyo, ndimutenga ndipite naye.

Atalandira mapiritsi anatembenuka. Sanali iye.

Anali mayi wa nyumba yoyandikana ndi yathu ku malayini a antchito. Mwamuna wake, amene ankaphunzitsa pa kolejipo, anatengedwa ndi galimoto tsiku lina akuchokera m'kalasi, ndipo palibe anafunsa kuti walakwanji kapena wapita kuti. Sabata yomweyo katundu wawo anatulutsidwa panja. Tonse tinaphunzira kuyang'ana kumbali tikakumana naye panjira, inenso ndinaphunzira, poti kupereka moni kwa mkazi wa woukira kunali kuukira komwe. Ndinkaganiza kuti anabwerera kwawo.

Atandiona anadzidzimuka, kenako anatuluka. Ndinamutsatira patali mpaka kuseri, kumene amatenthera zinyalala za chipatala. Kumeneko anagwada pang'ono n'kunong'ona, ati alamu, mwasowatu, mnzanga ali bwanji, anachira? Anafunsanso ngati anabereka mwamuna kapena mkazi.

Sankadziwa. Chaka chinali pafupi kukwana chimwalirire malemu, ndipo panalibe munthu mmodzi amene anamuuza, chifukwa panalibe amene ankamuyankhula. Ndinamuuza ndi mawu ochepa. Sanalire mokweza, malo ake sanali olirira, anangokhala pansi pa phulusa n'kugwira juziyo pachifuwa, mpweya ukumuvuta.

Atapezako mpweya anandifotokozera. Mwamuna wake atatengedwa, khadi lake la chipatala analing'amba pamaso pake. Kwawo sakanapita, abale anatumiza mawu oti asawabweretsere tsoka, ndiye ankakhala m'mudzi wa kuseri kwa mpanda wa koleji, akugulitsa nkhuni. Kuchipatala chachikulu kunali kutali ndipo mapiritsi a mphumu sankapezeka kawirikawiri. Malemu anakumana naye kumsika akubanika, mawa lake anamupititsira khadi lake ndi juzi, namuuza kuti pazenera akaitana dzina langa, iwe uzidzuka. Mayiyo atafunsa ngati ine ndikudziwa, malemu anaseka, ati amuna a m'maofesi nkhope zawo sizisunga chinsinsi, musiyeni azidulidwa ali mumtendere. Wogawa mankhwala uja ankadziwa zonse. N'chifukwa chake poitana dzinalo sankadzutsa maso.

Apo m'pamene ndinakumbukira kalata yanga, imene inali kale pa tebulo la akuluakulu, yofunsa m'Chingerezi chosalala kuti wasaina ndani.

Masana mu ofesimo munali mkulu wa zachuma, wogawa mankhwala ataimirira pafupi ndi chitseko manja ali kumbuyo, ndi bambo wina amene anakhala pakona akuwerenga nyuzi. Bamboyu analibe ofesi pa kolejipo koma aliyense ankamudziwa, ndipo akalowa m'chipinda anthu ankayamba kukamba za mvula. Mkulu wa zachuma anandipepesa maliro, nati kalata yanga yawathandiza, chifukwa ngati mayi anamwalira ndiye kuti wina akuba mankhwala a boma, ndipo wina akumuthandiza. Wa nyuziyo osatsitsa nyuzi yake anafunsa kuti ine ndikuganizira yani.

Ndinayang'ana wogawa mankhwala. Milomo yake inali itauma ngati ya munthu wodwala malungo. Ndikanangotchula zimene ndinaona m'mawa, ndikanabwerera ku Liwaladzi ndi kalata ya chidindo yondiyeretsa, ndipo mwana wanga ndikanamutenga. Ndinaziona bwinobwino zimenezo. Ndinaonanso galimoto ikuima kuseri kwa mpanda, ndi bambo wachikulireyo akuvula yunifolomu yake, ndiponso dzina la malemu likulembedwa m'mabuku awo monga wothandiza oukira, dzina limene mwana wanga adzalitchula moyo wake wonse akamafunsidwa za amake.

Ndinati ndalakwitsa ndine. Ndinati khadilo ndinapatsa mng'ono wake wa malemu kuti azitengera mankhwala a apongozi anga, ndipo chisoni chinandiiwalitsa. Anafunsa wogawa mankhwala ngati zili choncho, iye anati amaona khadi, nkhope sazisunga, bwana. Apo wa nyuziyo anatsitsa nyuzi n'kundiyang'ana nthawi yaitali. Anati inu ophunzira cholembera chimathamanga kuposa mutu. Anandiuza kuti ndilembe ndi dzanja langa kuti biluyo ndi yolondola ndipo koleji sinalakwe, ndisaine. Ndinalemba. Anagamula kuti ndilipire mtengo wonse, osati theka, azidula kumalipiro anga a uphunzitsi, ndipo khadi la malemu lifafanizidwe. Potuluka bamboyo anandigwira paphewa ngati mnzanga, nati ku Nkhotakota amabwerako kudzagula mpunga, tsiku lina adzandiyendera kuti adzaone apongozi odwalawo.

Mayi uja ndinamugulira mapiritsi m'sitolo ya mankhwala m'tauni ndi ndalama zimene ndinatsala nazo, kupatula za basi. Sindinamuonenso. Juzi anafuna kundibwezera, ndinakana.

Tsopano taganizani, ndikanakanena chiyani pamphasa paja? Bodza la mng'ono wa malemu silikanagwira, mtsikanayo anali pomwepo ndipo sanapitepo kupyola pa boma. Choonadi sindikanachinena tcheyamani ali chete kumvetsera. Munthu mmodzi yekha amene ndinkadziwa kuti akanachisunga, n'kunyadira mwana wake, anali apongozi anga. Koma mkamwini sakhala pawiri ndi apongozi ake aakazi n'kumanong'onezana. Tikakumana panjira iwo ankapatukira kutchire, ine kutchire linalo, ndipo mawu anga onse opita kwa iwo ankadzera kwa nkhoswe, amene anali amalume omwewo. Ulemu umene unatisunga bwino zaka zonse unakhala mpanda.

Ndinangonena kuti nkhani yatha, ndavomera kulipira. Amalume anafunsa ngati a koleji avomera kuti analakwitsa. Ndinati iyayi. Anafunsa ngati ndapeza amene amatenga mankhwalawo. Ndinangobwereza kuti ndilipira. Azakhali aakulu anaomba m'manja kamodzi, ati mwamva nokha, munthu salipira nyama imene sanadye. Tcheyamani anati iye ananena kale kuti boma silinama.

Anandisudzula tsiku lomwelo, mwachidule, popanda mowa kapena nkhuku. Amalume anati ndine womasuka, ndikakwatire kumene ndifuna, koma mudzi uno ndisaupondenso. Pamene ndinkakankha njinga ndinaona mwana wanga ali kumsana kwa mng'ono wa malemu, ndipo mwanayo atanditambasulira dzanja, mtsikanayo anamutembenuza. Kuseri kwa nkhokwe kunkamveka kulira kwapansipansi.

Zinthu zitasintha m'dziko muno, pakamwa patatseguka, ndinapitako kukanena zonse. Ndinapeza apongozi anga atamwalira. Amalume anandimvetsera mpaka kumapeto, kenako anati nkhani ndi yabwino, ophunzira nkhani sizikusowani, nanga mboni ili kuti? Wogawa mankhwala anapuma ntchito ndipo sindidziwa kwawo. Mayi uja ena amati anamwalira nyengo yozizira mwamuna wake asanatuluke, ena amati ali kumpoto. Mwana wanga tsopano ali ku pulaimale. Makope ndi yunifolomu ndimatumiza kudzera kwa aphunzitsi ake, iye osadziwa kumene zichokera. Tsiku lina ndinakaima pafupi ndi sukuluyo nthawi yoweruka, mnzake wina anandiloza, ndipo mwanayo anataya mabuku n'kuthawa akukuwa. Anathawa monga ndikanathawira ine ndili msinkhu wake, atandiuza kuti uyo ndi amene anadya amako.

Lero sindikhulupirira kuti akufa amayenda. Ndinamuona mzimayi amene anadzuka pa dzina la mkazi wanga, anali ndi thupi ndi njala monga ife. Chimene ndimakhulupirira n'chakuti anthu akaletsedwa kunena kuti pepala lalakwa, amapeza munthu woti alakwe m'malo mwake, ndipo amasankha amene ali pafupi. Bilu ikakufikani yosamveka, funsani, lero kufunsa si mlandu. Koma yambani mwapita nokha kukaona amene wakhala pa benchi musanalembe kalata, chifukwa kalata ikapita siibwerera. Ndipo inu amalume ndi azakhali a ana amasiye, samalani zimene mumaika m'makutu mwa mwana. Akulu mumakhululukirana pamaliro ena, koma mwana zimene wamva ali wamng'ono amakula nazo ngati mano.

Ena amandifunsa ngati malemu ndimamukwiyira posandiuza. Sindimukwiyira. Ndikuganiza kuti akanandiuza akanachira, koma malungo anamufulumiza, ndipo nthawi yochepa imene anatsala nayo sanaiwonongere pa makhadi. M'mawa wa tsiku lomaliza anatsitsimuka pang'ono, namwino atangotsegula mazenera. Ndinawerama kuti ndimve. Anandigwira chala n'kunena kuti:

"Abambo ake, mwanayo amaopa madzi ozizira. Muzimutenthetsera."